Nsalu ya Kwawo

Amayi amene amatunga maluwa pakhomo la kachisi ku Melur salola munthu kunena mlongo wawo. Womunena ndi iwo okha. Mlongo wawoyo, Velusami, anakalamba mpaka dazi, koma pakamwa pawo akadali "kamwana kaja". Ankati akabwera ndi nzimbe pa chikondwerero cha zokolola, ankamusuzumira m'makutu ngati wasamba, n'kumupakulira mpunga kawiri uku akumukalipira.

"Amayi atamwalira, anakulira pamsana pangapa," ankatero, zala zili pa ulusi. "Ntchito yake ndi imodzi basi. Ndikadzafa, adzabwere ndi nsalu ya kwathu adzandifunditse." Pajatu pamwambo wa kumeneko mkazi sachoka m'dziko muno osafunda nsalu yochokera kunyumba imene anabadwira, ndipo wobwera nayo ndi mlongo wake.

Chaka chatha Velusami anatsogola. Amayiwo analowa m'nyumba ya maliro maso ali gwa, n'kuima kumutu kwake.

"Iwe, dzuka. Waulesi iwe, dzuka! Nanga ine adzandifunditsa ndani?"

Mkazi wa malemuyo, Ponnamma, anatsegula bokosi n'kutulutsa nsalu ya sari yofiira yatsopano.

"Alamu, anagula atangoyamba kudwala. Anati ndidzakupatseni, kuti musadzapite ngati munthu wopanda abale."

Amayiwo anailandira, n'kuitikita pakati pa zala, n'kuiyang'ana kowala.

"Taonani kupyapyala kwake," anatero. "Mwana ameneyu sanadziwepo kusankha nsalu."

Kenako anakwirira nkhope m'nsaluyo, ndipo kulira kwawo kunamveka mpaka kukachisi.