Mathabwa a Denga la ba Langson

Ndiyambe ndi kupepesa. Sindinalembepo nkhani yoti anthu awerenge, ndipo amene ndikuwalembawa ndi akuluakulu, ali moyo. Ndinawapempha chilolezo, anavomera. Pamene ndaphonya, cholakwa n'changa.

Ba Langson anagwira ntchito ya boma yosamalira ziweto mpaka imvi mbuu. Ng'ombe za ku Chinyunyu zinkadziwa kulira kwa njinga yawo yamoto. Atapuma ntchito anayamba kumanga nyumba ya njerwa, nagula mathabwa a denga n'kuwasanja kuseri. Asanafolere, ofesi inawaitananso. Ku Shikabeta kunalibe wobaya ng'ombe jekeseni, chifukwa achinyamata ochokera ku Lusaka ankaopa msewu wake. Anawapatsa kontirakiti, iwo n'kuvomera poganiza kuti malata atuluka m'menemo.

Malata sanatuluke. Akuluakulu ena anati munthu wa penshoni sangalipidwe ngati anzake, ena anati kontirakiti ndi kontirakiti. Mkangano uli mkati, malipiro anaimitsidwa, penshoni nayo n'kukodwa momwemo. Akapita ku Rufunsa ankauzidwa kuti nkhani ili ku Lusaka, ku Lusaka n'kumva kuti yabwerera ku Rufunsa.

Kumudzi anthu sankadziwa zimenezi. "Odya kuwiri afika," ankatero pamsika, ndipo ba Langson ankaseka nawo, malaya ali ositasita. Munthu wozolowera kupatsa, mawu oti "ndilibe" ankawakanirira pakhosi. Akazi awo okha, ba Jessy, ndiwo ankadziwa kuti pakhomo akudya tomato amene iwo ankagulitsa m'mbali mwa msewu.

Kenaka mwamuna wa ba Harriet, mlongo wa ba Langson, anamwalira. Kwathu kuno wantchito ya boma m'banja ndiye amagula bokosi. Palibe amamuuza, amangomuyang'ana. Amuna atakhala pansi pa mtengo, maso onse anapita kwa ba Langson.

"Ba mudala, tikhome lotani?" anafunsa Obby, kalipentala wa m'mudzimo. "La mlamu wa odya kuwiri liyenera kunyezimira."

"Nola zida zako, mathabwa ndibweretsa."

Anapita kunyumba nayamba kukweza mathabwa a denga aja m'ngolo. Ba Jessy anawapeza thukuta lili kamukamu.

"Atate a Mwiza, amenewa apita kuti?"

"Mlamu wanga tim'kulunge m'mphasa?"

"Nanga mvula ikabwera ife tifunda chiyani? Malipiro mwawakwirira, lero mukwirirenso denga?"

"Musandichititse manyazi, mayi."

"Manyazi sanafolerepo nyumba."

Ngolo inanyamuka, ba Jessy akutsatira pambuyo.

Pamaliro amuna anaithamangira. Wina anasisita thabwa nati, "Boma ndi boma, anzanga." Obby anasankha lalitali, naikapo sowo. Ba Langson anaona mano a sowoyo akulowa, ndipo anakumbukira kuti analinso ndi azilamu ena, ndi azakhali okalamba. Denga ndi limodzi, koma maliro sadzatha.

"Taima kaye, Obby."

Anavula chipewa. Mawu anatuluka otsika, moti a kumbuyo anasendera pafupi. Ananena kuti chibwerereni kuntchito sanalandirepo kanthu, penshoni inatsekedwa, ndipo mathabwawa ndi a nyumba imene aliyense amaiona ili yasa pamsewu.

Mkulu wina wa ng'ombe zambiri anafunsa, "Nanga petulo wobwerera kukhola kwanga ankachokera kuti?"

"Ku tomato wa mayi awa."

Wina anayamba kuseka, n'kudzigwira pakamwa.

Ba Harriet anamva ali m'nyumba ya siwa. Anatuluka atagwiriziridwa ndi amayi anzawo. "Achimwene, malemu anali mlimi, sanali wa boma. Bwezani mathabwawo. Sindingagone inu mukunyowa chifukwa cha ine."

Amuna anabalalika osauzana. Wina anabwera ndi chitseko chakale, wina ndi thabwa la ngolo yothyoka, mkulu wa ng'ombe uja n'kugula misomali ndi nsalu. Obby anakhoma osatulutsa nthabwala ngakhale imodzi. Bokosi linatuluka la mawangamawanga, koma lolimba.

Pamene ndikulemba pano, nkhani ya malipiro sinathe. Ba Langson akupitabe ku Shikabeta, koma tsopano eni ng'ombe amasonkha petulo. Dzina la odya kuwiri linafa, ndipo kunena zoona, mpando wa kutsogolo pamisonkhano sakuwapatsanso kawirikawiri. Iwo amati zimawawako, koma tulo akupeza.

Sindikudziwa ngati wolemba amaloledwa kudzitchula kumapeto, koma ndiloleni ndinene. Maliro ena akadzagwa m'banja mwathu, sindidzadikira kuti maso a anthu asankhe munthu. Ndidzayamba ine kunena chimene ndili nacho ndi chimene ndilibe, kenaka ndidzafunsa mnzanga.