Mizere Itatu ya Misita Tranca

Gervásio Pimentel anasewera mpira zaka khumi ndi zisanu ndi zitatu osathamangapo. Alipo ena amene amati anamuona akuthamanga tsiku lina ku Covilhã, koma ukawafunsitsa amavomera kuti kumbuyo kwake kunali galu.

Anali wotchinga kumbuyo, chimunthu chachitali cha miyendo yolemera, ndipo ochemerera anamupatsa dzina loti Tranca, ndiye kuti mpiringidzo. Anasewerako matimu asanu ndi awiri, onse a m'maligi apansi, kupatula chaka chimodzi chomwe mwayi unamusokoneza ndi munthu wina n'kumukweza m'ligi yaikulu. Kumeneko anasewera mphindi makumi awiri basi. Bwalo linali lalikulu, la kapinga wosalala, ndipo kamunthu kena ka ku Brazil kanamudutsa katatu, ulendo wachitatuwo kakumupepesa.

Atafika kunyumba anauza mkazi wake Ermelinda kuti vuto silinali iyeyo. Vuto linali bwalo, linakula mopanda nzeru. Ermelinda anaseka mpaka kutsokomola, osadziwa kuti mwamuna wake wapeza chikhulupiriro cha moyo wake wonse.

Mawondo atakana, Tranca anakhala mphunzitsi wa mpira. Kuno mphunzitsi aliyense timamutcha Misita, ngakhale amene chingerezi chake chimathera pa liwu lomwelo. Tranca analikonda dzinali kuposa chakudya. Akamva "a Misita" m'nyumba yomwera khofi, chifuwa chinkatsogola iye asanadzuke. Matimu anayi anamulemba ntchito ndipo anayi omwewo anamuchotsa. Akuluakulu a mpira amati kuchotsa mphunzitsi ndi kukwapula maganizo a osewera, koma chikwapucho chimagwera pamsana pa munthu mmodzi yekha.

Mu 1994 anabwerera kwawo ku Souto da Raposa, kumapiri a kufupi ndi Viseu, n'kutenga timu ya m'mudzi. Achinyamata onse anali atapita kukamanga nyumba za eni ku France ndi ku Switzerland. Wamng'ono kwambiri m'timumo anali ndi zaka makumi atatu ndi chimodzi komanso dazi.

Mwini malo a bwalo anali a Abílio, osema miyala ya pamanda, omwenso anali tcheyamani wa timu. Tsiku loyamba lomwelo anamuyankhula mosapsatira.

"Misita, mukatsika ligi chaka chino, timu ndikutseka. Miyala yanga ikusowa poikhazika, ndipo bwaloli ndi lathyathyathya bwino."

"A Abílio, bambo anga anasewera pamenepa."

"Ndikudziwa. Mwala wawo ndinasema ndine."

Masewero anayi oyamba anagonja onse. Alendo ankangothamangira m'mbali, madala a Tranca n'kumawatsatira ndi maso. Mkango ukazingwa umadya udzu. Bwalo la ku Souto ndi ladothi, ndipo mizere amathira ndi laimu Loweruka lililonse m'mawa. Tranca anauza komiti kuti ntchito imeneyi aziigwira yekha, poti amakonda mphepo ya m'mawa. Loweruka lotsatira anakwirira mizere ya m'mbali ndi mchenga, n'kuthira yatsopano phazi limodzi lalikulu cham'kati, uku ndi uku.

Zinayamba kuyenda. Othamanga a matimu ena ankapezeka atuluka ndi mpira kunja asanadziwe, n'kumayang'ana nsapato zawo modabwa. Souto inayamba kufanana mphamvu ndi anzake, ziro kwa ziro, mpira wonyansa woti ungagonetse ndi wansembe yemwe. Mu Januwale Tranca anaona kuti mankhwala akugwira, ndiye anaonjezera. Anakwiriranso, n'kulowetsanso phazi lina.

Amene anazindikira ndi Ermelinda yekha. Iye ankagulitsa buledi wa nyama ya nkhumba yokazinga ndi vinyo pa kathebulo m'mbali mwa bwalo.

"Inu a Gervásio, kale wokweza mbendera uja ndinkamupatsira buledi ndili chikhalire. Lero ndikuyenda ulendo."

"Thebulo lako lasuntha, Linda."

"Thebulo lokhomera m'simenti? Bwalo lanuli mukulichapa ndi madzi otentha kapena? Likufota ngati juzi yanu ija."

"Chepetsa mawu, mkazi iwe."

"Ine sindinena kanthu. Koma tsiku lina mudzapezeka mukusewera m'khonde."

Tsiku lomaliza la ligi, mu Meyi, Souto inkafunika kupambana. Kufanana mphamvu kunali kutsika. Alendo anali a ku Carvalhal de Cima, anthu opanda choopa kapena chofuna, omwe anabwerera buledi wa Ermelinda. Mvula inayamba mpira utangoyamba, ndipo paja mvula ikakuona litsiro sikata. Pofika chigawo chachiwiri, mchenga wonse wa Tranca unali utakokoloka. Mbali iliyonse ya bwalo inaonetsa mizere itatu: wa dzulo wotumbululuka, wa mu Okutobala, ndi wakalekale, wa laimu wa zaka makumi anayi wouma gwa m'dothi, woyera kuposa yonse. Ochemerera anayamba kulozerana. Tranca ankayang'ana mitambo.

Kutatsala mphindi zisanu, Quinzinho, wogawa makalata wa zaka makumi atatu ndi zisanu ndi zinayi, anathamangira mpira womwe unkapita kunja. Unadutsa mzere woyamba. Unadutsa wachiwiri. Anaupeza utatsala pang'ono kufika pa wachitatu, n'kuumenya akugwa. Mpirawo unakagunda Nelo wophika buledi m'khosi, iye akuyang'ana kwina, n'kulowa m'golo la alendo.

Wokweza mbendera anaima ndi mbendera yake pakatikati, osakweza, osatsitsa. Alendo anazinga woyimbira, akuti mpira unatuluka kawiri konse. Woyimbirayo, mphunzitsi wa masamu wa ku Viseu, anawakankha n'kubwera kwa Tranca, madzi akuchucha m'ndevu.

"Misita, amathira mizere pano ndani?"

"Ndine, bwana."

"Ndiye mundiuze. Weniweni ndi uti?"

Tranca anachita mantha, mantha enieni, oposa a tsiku la munthu wa ku Brazil uja. Akanati wam'kati, nkhani ikanathera pomwepo: chigoli palibe, dzina lake loyera, ndipo Lolemba lole ya a Abílio ikanabwera ndi miyala. Akanati wakunja, chigoli chikanakhala, koma woyimbira akanalemba lipoti, ndipo munthu wofotetsa bwalo palibe timu imene ingamutchenso Misita. Anayang'ana Quinzinho, yemwe anali chigonere m'matope, akupuma ngati ng'ombe yolima. Kenako anayang'ana kwa Ermelinda. Ermelinda anali atapinda manja, akudikira.

"Wakunjawo," anatero. "Umenewo anathira ndi malemu bambo anga. Iwiri yam'katiyi ndi yanga."

"Yanu bwanji?"

"Anyamata anga ndi achikulire, bwana. Ndimawachepetsera ulendo."

Woyimbira anapita pa mzere wakunjawo. Anayenda kudutsa bwalo lonse akuwerenga mapazi mokweza, mudzi wonse ukuwerenga naye. Atafika tsidya linalo anatulutsa kapepala ka muyezo wa bwalo wolembetsedwa, n'kukayang'ana, n'kuloza pakati pa bwalo. Chigoli. Mpira unatha choncho, chimodzi kwa duu.

Mphunzitsi wa alendo sanadandaule. Anabwera kudzamugwira chanza Tranca ndi manja awiri, mwaulemu.

"Misita, ine ndimangothira madzi pamalo a othamanga a timu inayo. Zanuzi sindinaziganizepo."

Bungwe la mpira la m'chigawo silinaseke nawo. Linamuletsa Tranca zaka ziwiri, osaphunzitsa, osaponda m'bwalo tsiku la mpira. Zaka ziwirizo zitatha palibe timu inamuitana. Zinamupweteka, ndipo miyezi ingapo sankapita ku khofi. A Abílio anakaunjika miyala yawo kuseri kwa tchalitchi, akung'ung'udza kuti makasitomala ali pafupi ndithu koma malo ndi otsetsereka. Timu ilipo mpaka lero, ndipo ikusewerabe mpira wonyansa womwe uja.

Tranca anakhala wodula buledi pa thebulo la mkazi wake. Ntchitoyo ankaigwira moipa, maso ali ku mpira, akukalipira otchinga kumbuyo, phazi ndi phazi akusendera kubwalo ndi mpeni m'manja. Ermelinda atatopa anatenga laimu wotsala n'kuthira kamzere patsogolo pa thebulo.

"Bwalo lanu ndi ili, a Misita. Mukadutsa apa, lipoti ndilemba ndine."

Kanali koyamba m'moyo wake Ermelinda kumutcha Misita. Tranca anatembenuka n'kunena kuti anyezi akumuwawa m'maso, chonsecho tsiku limenelo anyezi anali atatha.

Mzerewo sanaudutsepo, ndipo a ku Souto amachitira umboni. Koma Lamlungu lililonse Ermelinda akabwera ndi poto wake amaupeza uli watsopano, woyera bwino, utasendera kubwalo ndi chikhato chimodzi.