Kuseri kwa Katani ya Pilirani

Ntchito yanga yoyamba yolembedwa ndinaipeza ndili kale ndi imvi. Moyo wonse ndinkalima kachewere ku Bembeke, ndipo kuwerenga ndinaphunzira kusukulu ya kwacha, mawondo atayamba kukana khasu. Amene anandiitana ndi Pilirani, mnyamata wokonza mafoni pa Dedza Boma. Anati, "Madala, muzingolandira mafoni pakhomopa. Munthu wa imvi anthu samukayikira."

Munthu akabweretsa foni, ndinkachotsa simu n'kumubwezera, n'kumata kapepala ka dzina lake kumbuyo kwa foniyo, kenako ndinkafunsa nambala yachinsinsi yotsegulira. Amayi ndi atsikana ankandinong'oneza mosaopa. Ndikatero ndinkapereka foni ndi nambalayo kuseri kwa katani, kumene kunali kompyuta ndi kachitsulo kowotcherera mawaya. Memori khadi Pilirani analetsa kuchotsa. Sindinafunse chifukwa.

Tsiku lina kunabwera Agnesi, mtsikana wa kutchalitchi kwathu amene tinamusinthira galasi la foni, ali ndi amalume ake. Amalumewo anandiyandikizira foni kumaso. Pa intaneti panali tsamba la dzina la Agnesi, lokhala ndi zithunzi zimene anadzijambula kuchipinda poyesa zovala za chinkhoswe, ndipo tsambalo linkakopa amuna. Akuchimuna anali ataliona n'kuimitsa chinkhoswecho.

"Agogo, nambala ija ndinauza inu nokha," anatero Agnesi.

Pilirani anayankhira kuseri: "Madala, auzeni kuti kuno timangokonza magalasi."

Ndinadziwa kuti ndikanena zimenezo, mwanayu abwerera kumudzi ngati wabodza. Ndinakoka katani ija.

"Pilirani, tsegula kompyutayo aione."

"Mwatopa nayo ntchito, madala?"

Amalume aja anatseka pakhomo ndi thupi lawo, anthu akusonkhana panja, mpaka Pilirani anatsegula kompyutayo. Munali zithunzi za atsikana ambiri, aliyense pa dzina lake, monga ndinalembera pa timapepala tija. Apolisi anatenga Pilirani ndi kompyutayo, shopu n'kutsekedwa.

Ndinapita ndi amalumewo kukafotokozera akuchimuna. Anandimvetsera mwaulemu, koma anati zithunzizo zafika kale m'mafoni a mudzi wonse. Chinkhoswe sichinachitike.

Agnesi ndimakumana naye Lamulungu. Amandipatsa moni maso ali kwina. Nambala yachinsinsi ya munthu sindilandiranso, ngakhale ya mdzukulu wanga. Foni yake ikawonongeka ndimamuuza kuti, "Ukatsegule wekha, ndipo usachokepo mpaka amalize."