Pulasitala pa Kamera ya Achemwali

"Iwe, anthu amakutsatira pa foni yakoyo, ndi angati amene unawaonapo nkhope?" Achemwali anandifunsa choncho akutola zidutswa za nsalu pansi pa makina osokera a mayi. Ndinaseka n'kuwauza kuti munthu wotchuka sawerenga nkhope.

Achemwaliwo ndi achisamba kwathu. Asanapite kuyunivesite ankagwira ntchito m'kashopu kokonza mafoni, komwe ankaona anthu akusiya zinsinsi zawo patebulo ngati akusiya chipewa. Mwina n'zimene zinawakokera ku maphunziro oteteza makompyuta kwa akuba a pa intaneti. Kamera ya laputopu yawo anaimata pulasitala, moti amalume amawaseka kuti kompyuta inalasidwa m'diso.

Teremu imeneyo mphunzitsi anawapatsa ntchito: aliyense apemphe chilolezo kwa m'bale wake, afufuze zonse zimene mlendo angadziwe za iye popanda kuthyola pasiwedi. Ine ndinavomera asanamalize n'kupempha komwe. Ndinali nditangomaliza sukulu, ndipo ndinkafuna kalasi yonse ya kuyunivesite ione zithunzi zanga.

Achemwali anakhala pakona ya chipinda chosokeramo n'kuyamba kuunguza zithunzi zanga pa intaneti. Pachithunzi china panaoneka nambala ya geti lathu. Pachina, m'galasi la kabati, munaoneka zenera lathu lakuseri losatsekeka bwino. M'kavidiyo kanga kovina munkamveka mayi akudandaula kuti bambo apita kutali ndi lole. Kenako achemwali anaona chinthu china chachilendo: munthu wina wopanda chithunzi, wosalembapo kanthu, ankaika kamtima pa zithunzi zoonetsa nyumba zokhazokha. Za nkhope yanga ankazidumpha.

Atakazionetsa m'kalasi, anzawo anakangana za wa timitimayo, ena akuti ndi pulogalamu ya pakompyuta chabe, ena akuti ndi munthu. Mphunzitsi anangofunsa ngati zeneralo linakonzedwa.

Atafika kunyumba anapeza mayi akusimba za kasitomala wachilendo amene anabweretsa buluku lopanda pong'ambika kuti alisoke, n'kufunsa kuti bambo abwera liti.

"Nanga inu mayi munamuyankha chiyani?" anafunsa achemwali.

"Ndinati mwezi ukatha. Kodi n'chinsinsi, mwanawe?"

Achemwali sanandikalipire, ndipo bola akanandikalipira. Anatenga nyundo ndi misomali n'kuzungulira kuseri. Ndikumva kukhomako, ndinafufuta zithunzi zonse, ngakhale kavidiyo kamene kananditchukitsa kaja. Ndinatsimikiza mumtima kuti mpaka bambo abwere ndizigona pansi pa zenera limenelo, ndipo m'kati mwa geti lathu sindidzajambulanso kanthu, ngakhale onse onditsatira andiiwale.