Dzina limene sindinalembe

Zimene ndinataya ndi izi. Mkazi wanga. Mawu ake, amene ankamveka kuchokera kudoko mpaka kumsewu popanda chokuzira mawu. Chiswahili chimene ankandikalipira nacho akapsa mtima, chimene sindinachiphunzire. Mwana amene tinkati tidzabereka zinthu zikakhazikika. Ndi chikondwerero cha zisudzo chimene anayambitsa, chimene chikuchitikabe chaka ndi chaka.

Zinayi zoyambazo inanditengera ndi ngozi ya pamsewu. Chachisanucho ndinachitaya ndi dzanja langa.

Anabadwira ku Congo. Anafika kuno ali wamkulu kale, atadzera ku Tanzania ndi gulu la zisudzo limene linabalalikira panjira. Ine ndinali nditangomaliza koleji, ndikuphunzitsa pa sekondale yoyendera kufupi ndi Lifuwu. Ndinamuona koyamba padoko akutsanzira ogula nsomba a ku Lilongwe: mimba patsogolo, dzanja m'thumba, mphuno itakwinya ngati usipa wawalakwira. Amayi oyanika nsomba anaseka mpaka mmodzi anakhala pansi pamchenga. Chichewa chake chinali chokhota, koma palibe anafunsa kuti akuti chiyani. Ankanditcha Mwalimu, mphunzitsi m'Chiswahili, ndipo titakwatirana sanasinthe.

Anaona chinthu chimene ife obadwira kuno tinkangochidutsa. Mvula ikayamba, chilumba cha Mbenji chimatsekedwa, asodzi amabwerera kumtunda, ndipo kwa miyezi ingapo amangosoka maukonde, kusewera bawo ndi kukangana ndi akazi awo. Iye anati nthawi ya zisudzo ndi imeneyo, pamene aliyense ali pakhomo. Anthu anamuseka kuti m'dzinja ndani amachita zisudzo. Anapempha matandala awiri oyanikapo nsomba amene ankangokhala, anawalumikiza pansi pa shedi ya padoko, nayalapo matabwa a boti lakufa. Nsanja yake inali imeneyo.

Sanabweretse akatswiri. Ankatenga anthu omwewo a padoko. Ndipo sewero likafika pothina ankaliimitsa, n'kutembenukira kwa oonera: "Nanga apa atani?" Zimene anthu anena ndizo zinkachitika.

Ku Mbenji sikufika munthu wamkazi, choncho sewero loyamba linali la amayi otsala kumtunda. Mayi ena achikulire, Asilamu, oyanika usipa, anasewera ngati msodzi wobwera kuchilumba ndi nsapato zatsopano koma wopanda ndi kasopo komwe ka panyumba. Msodzi wina anakuwa ali kumbuyo:

"Amenewo ndi amuna anu, mayi, osati ife!"

Mayiwo sanatuluke m'sewero. Anangomuloza n'kunena kuti, "Nanga nsapato zakozo wazibisiranji kumbuyo kwa mnzako, bambo?"

Shedi yonse inagwedezeka. Mvula inkagwa padenga la malata moti mawu ena ankatayika, koma a mkazi wanga ankadutsa.

Pofika chaka chachitatu kunayamba kubwera magulu a ku Chinguluwe, ena ochokera kutali ndithu, ndiponso anthu a m'tauni okhala ndi makamera. Anatiuza kuti chinthu chotere chiyenera kulembetsedwa, chikhale ndi malamulo ake ndi komiti, kuti ofuna kuthandiza adziwe pofikira. Komiti inasankhidwa. Wapampando anali bambo wina wogulitsa nsomba, wa malole awiri, amene chaka choyamba ankati zisudzo n'za anthu osowa chochita. Ine anandipatsa ulembi, popeza ndine ndinapita ku koleji.

Pa fomu panali malo olembapo oyambitsa. Wapampando anandikokera pambali.

"Aphunzitsi, inu maofesi mumawadziwa. Dzina la alamu athu lija likangooneka, ayamba mafunso. Chiphaso chawo chokhalira m'dziko muno nachonso mwati chatsala pang'ono kutha. Tiike athuwa kaye. Tidzakonza zinthu zikayenda."

Sanandikakamize. Ndiyenera kulemba zimenezi momveka, chifukwa kwa nthawi yaitali ndinkadziuza kuti anandikakamiza. Ndinaona kuti akunena zanzeru, ndipo ndinadzimva wochenjera povomera. Ndinalemba mayina asanu ndi cholembera chakuda, m'zilembo zazikulu, monga fomu inanenera. La mkazi wanga panalibe. Ndinasaina pansi.

Ndinamuuza patapita masiku anayi, m'mawa wa tsiku limene ankapita ku Lilongwe kukawonjezera chiphaso chija. Minibasi imene anakwera inawombana ndi lole isanafike n'komwe pakati pa ulendo. Za tsiku limenelo sindilemba zambiri.

Pamaliro, woyendetsa mwambo atafika poitana akuchikazi kuti alankhule, panali zii. Mayi achikulire a usipa aja anaimirira pakati pa amayi n'kunena kuti, "Ndife." Anawakhazika pansi mwaulemu, akuti sanali pa ndondomeko. Wapampando analankhula, ndipo anati malemu anali mlendo wokonda kuseka ndi anthu. Tinamuika kumalire a manda, kumene timaika alendo. Malume anga anati ndi mmene zimakhalira, ndipo sanali kunama.

Chaka chotsatira chikondwerero anachisamutsira mu Okutobala, pa loji ina ya mpanda wa njerwa. Anati alendo a m'tauni sakonda matope. Mu Okutobala asodzi amakhala ali ku Mbenji. Pageti panali matikiti. Ine anandipatsa mpando kutsogolo ndi botolo la madzi.

Pamwamba pa nsanja panali chinsalu chachikulu chokhala ndi mayina asanu aja, motsatana ndendende monga ndinawalembera. Wapampando anauza alendo kuti ganizo limeneli linabadwa m'mitu ya ana a kuno, ataona kuti chikhalidwe chikutha. Anaombera m'manja. Kenaka anyamata ovala bwino anachita sewero la amayi otsala kumtunda lija, mawu ataloweza pamtima. Linafika pothina paja, pamene iye ankaimitsa. Ndinapezeka ndadikira. Sanaime. Anapitiriza mpaka kumapeto amene wina anawalembera, msodzi anapepesa, onse anagwirana manja.

Atamaliza ndinapita kwa wapampando. Ndinalankhula motsitsa, chifukwa panali alendo.

"Simunamutchule."

"Aphunzitsi, pepani, tikudziwa kuti chilonda chikadali chachiwisi."

"Munati tidzakonza."

Anatsegula chikwama, natulutsa fomu ija itakutidwa m'pulasitiki. Anaigwira bwinobwino kuti ndione.

"Zolembazi n'za ndani?"

Sanafunse mwachipongwe. Anafunsa ngati munthu wofuna kuthandizidwa. Ndinayang'ana zilembo zanga zoongoka zija, zimene ana asukulu amazitamanda.

Kunja kwa geti ndinapeza mayi a usipa aja atakhala pamwala ndi anzawo atatu. Sanalowe. Anandiitana monga ankandiitanira iye.

"Mwalimu, m'katimo amutchula mwana wanga?"

"Ayi, mayi."

"Nanga inu munamutchula?"

Ndinawapatsa botolo la madzi lija, popeza linali m'manja mwanga. Analandira, naliika pansi osatsegula.

Ndinayesa kukonza m'njira imene ndimaidziwa. Ndinalembera komiti kalata ya masamba awiri yopempha kuti dzina la mkazi wanga liwonjezedwe pa oyambitsa. Anayankha kuti malamulo amafuna kuti wowonjezedwayo asaine yekha. Ndime imeneyo ndinailemba ndine, nditaikopera m'malamulo a bungwe lina. Ananditsimikizira kuti chaka chilichonse padzakhala mphindi imodzi ya chete yokumbukira onse amene anatisiya. M'kalata yomweyo anapempha makope a mkazi wanga, mmene ankalembamo masewero m'Chiswahili chosakaniza ndi Chichewa, akuti ndi katundu wa chikondwerero.

Sindinawapatse. Ndinasiyanso ulembi. Makopewo ali m'sutikesi pamwamba pa kabati, ndipo ndikudziwa kuti sewero lokhala m'sutikesi ndi lakufa chimodzimodzi. Theka la zolembedwamo sinditha kuliwerenga. Ankafuna kundiphunzitsa Chiswahilicho, ine ndinkati tidzaona patchuthi.

Shedi ya padoko ilipobe. Matandala aja anawamasula n'kuwabwezera ku ntchito yake yoyanikapo usipa. M'dzinja asodzi akabwera amasewera bawo pomwepo. Ena akandiona amayamba okha kunena za nsapato zija n'kuseka, kenaka amakumbukira kuti ndine ndani, n'kubwerera ku bawo lawo. Ana amene akukula pano amadziwa kuti chikondwerero n'cha pa loji, ndipo anachiyambitsa ndi bambo a malole.

M'mawa wa ulendo wa ku Lilongwe uja ndinamuperekeza mkazi wanga kusiteji nditanyamula chikwama chake. Ndinadikira mpaka titatsala pang'ono kufika, kuti pasakhale nthawi yokangana. Ndinamufotokozera zonse mwadongosolo, monga ndimachitira m'kalasi: za maofesi, za chiphaso, zoti n'zongoyembekezera. Ndinkayembekezera Chiswahili chija. Anangopitiriza kuyenda, akuyang'ana pansi. Kenaka anafunsa ngati mayi a usipa aja ndawalembapo. Ndinati ayi, iwo sali m'komiti. Anaseka pang'ono, koma osati mmene ankasekera padoko.

Minibasi inali itaima kale, kondakitala akumenya chitseko. Anatenga chikwama m'manja mwanga, nakwera, nakhala pawindo. Ndinanenanso kuti tidzakonza akabwera. Anatulutsa dzanja n'kundikonzera kolala ya shati.

"Usadandaule, Mwalimu. Pepala n'la maofesi. Anthu a kuno akundidziwa."