Zilembo Zofiira Pakhoma Lathu

Ndimakumbukirabe chidutswa cha mphasa chimene amayi anapachika pakhoma la nyumba yathu, m'mbali mwa msewu wa ku Golomoti. Chinali chotchingira mvula kuti isafufute zilembo zofiira zimene anthu a galimoto yoyera anatisiyira: RHS 14+350 D. Anangolemba n'kukwera galimoto yawo, osalankhula ndi munthu.

Inali miyezi ya njala. Mpunga unali usanache, ife tikudya mango osapsa owiritsa mpaka mano kuyayamira. Amayi anaitana aphunzitsi kuti adzatiwerengere. Iwo anayang'ana nthawi yaitali, kenako anati R ameneyo ayenera kukhala relifu, chimanga cha thandizo. Sindiwaimba mlandu. N'kovuta kunena kuti sindikudziwa anthu anjala akukuyang'ana pakamwa.

"Atilemba!" anatero amayi, akuwomba m'manja. Kwathu kulembedwa kunali ndi tanthauzo limodzi lokha: chakudya chili m'njira. Pozira khoma, amayi ankazilambalala zilembozo ndi chala, pang'onopang'ono.

Nyumba ya malume inali kuseri kwa yathu, ndipo sinalembedwe. Ana awo anali atayamba kutupa mapazi. Malume anagulitsa nkhuku yomaliza, kukagula penti ku Mtakataka, n'kudzakopera zilembozo pakhoma pawo. Kuwerenga sankadziwa. Ankangojambula, lilime lili panja, mpaka S wawo anatuluka atayang'ana kumbuyo. Tinaseka tsiku limenelo, ngakhale m'mimba munalibe kanthu.

Chimanga sichinabwere. Mvula itatha kunabwera chimakina chachikasu cha okuza msewu, ndipo zilembo zija zinali zosonyeza nyumba zoti zigumulidwe. Woyendetsa sankafunsa, paliponse pofiira ankagwetsa. Yathu inagwa, ya malume inagwanso. Patapita nthawi amayi analandirako kachipukuta misozi. Malume anauzidwa kuti nambala imodzi singakhale ya nyumba ziwiri, komanso kuti msewu sunali kudutsa pawo n'komwe. Ana awo anagawidwa kwa achibale, malumewo anapita kukafuna ganyu kunyanja osabwereranso. Mpaka lero zimandiwawa kwambiri.

Koma tsiku logumulalo ine ndinkathamangira chimakinacho ndi anzanga, tikukuwa mosangalala, fumbi lili m'kamwa. Nditabwerera ndinapeza malume atakhala pamulu wa zidina, manja ali m'mutu. Ndinawagwedeza paphewa.

"Malume, nanga chimanga chija atisiyira pati?"