Mphaka Wanga ku Dibi

Chaka chimene ana anga anamaliza kuchoka pakhomo, wina ku Lilongwe wina ku Joni, ndinatsala ndi mphaka. Bambo awo anali atatisiya kale. Mphakayo sanali wokongola ayi: wotuwa ngati phulusa, khutu limodzi long'ambika, wakuba usipa wopanda manyazi. Koma ndiye yekha amene ndinkalankhula naye kukacha, ndipo ankandiyankha.

Nthawi yokumba mtedza anasiya kudya. Masiku atatu ankangonunkhiza mbale n'kuchokapo, dovu lili chuchuchu. Ndinachita mantha, sindibisa. Nyumba ija popanda iye ikanandimeza.

Ndinamva kuti alangizi a ziweto abwera Lachitatu ku dibi, kumene amasambitsirako ng'ombe, kudzabaya agalu katemera wa chiwewe. Kuchokera kwathu, kuseri kwa Chezi, ndi mtunda ndithu, wokwera ndi kutsika.

Ndinayamba ndi kumulowetsa m'thumba la fetereza. Kwathu kuno mphaka amalowa m'thumba kawiri basi: tsiku lobwera ndi tsiku lokatayidwa. Kaya ankazidziwa zimenezo, kaya. Analira ngati ndikumupha, nandikanda dzanja mpaka magazi. Ndinamumasula n'kukhala pansi pakhonde, tonse awiri tili wefuwefu.

Kenako ndinachita zimene manja anga anazolowera kalekale. Ndinamukulunga m'juzi yanga yakale, miyendo yonse m'kati, n'kumubereka kumbuyo ndi chitenje. Anatakataka pang'ono. Nditayamba kuyenda ndikumusisita, anafatsa, mpaka ndinamva kutentha kwake pamsana. Panali patapita zaka zambiri ndisanabereke kanthu kamoyo.

Pamlatho ndinakumana ndi mayi wina wa kutchalitchi kwathu.

"Mdzukulu wabwera liti? Wadwala kodi?" anafunsa, uku akuvundukula chitenje.

Ataona ndevu ndi maso obiriwira anabwerera m'mbuyo, nachita chizindikiro cha mtanda. Sanatsanzike n'komwe. Ndinadziwiratu zimene zikanenedwe kumjigo za mayi wamasiye wobereka mphaka dzuwa likuswa mtengo. Zinandipweteka, koma ndinapitiriza ulendo.

Ku dibi agalu anali mbwee, akuuwa ndi kulumana. Ndinaima patali pamthunzi, ndikugwedezagwedeza msana, mpaka onse anapita. Alangiziwo, bambo wamtali wofatsa, sanandiseke. Anati ndisamumasule, ndingomusunthira kutsogolo. Anamutsegula kukamwa ali pachifuwa panga.

"Ndi dzino ili, latupitsa nkhama. Safa ayi," anatero. Anamubaya jakisoni, nandipatsa kabotolo ka mankhwala. "M'mawa ndi madzulo, masiku asanu. Koma pamafunika anthu awiri, amayi. Wina agwire, wina amwetse. Alipo wokuthandizani kunyumba?"

"Alipo," ndinayankha msangamsanga.

Njira yonse yobwerera ndinkayenda m'mudzi mwathu m'maganizo, khomo ndi khomo, kufunafuna loti ndikaodirepo ndi nkhani yotereyi. Ndinafika kunyumba ndisanalipeze. Madzulo ake ndinamupana ndi maondo, dzanja lina pamutu, lina kukamwa, ndipo kabotolo kaja ndinakatsegula ndi mano.